Mlenje amene anaphunzitsa asilikali kuyang'ana: moyo wa Hesketh-Prichard

Kumayambiriro kwa chaka cha 1915, pa nkhondo yoyamba ya dziko lonse, msilikali wa Britain amene anali m'ngalande zankhondo kumpoto kwa France ankadziwa lamulo limodzi losachita kuuzidwa kawiri: mutu usaonekere. Akangoti asuzumire pamwamba pa matumba a mchenga, chipolopolo chinkamupeza kulira kwa mfuti kusanafike n'komwe m'makutu mwa anzake. Wowombayo, msilikali wa Germany, sankaoneka, ndipo panalibe wodziwa pamene wabisala. Ngakhale tsiku limene akuluakulu ankalemba m'malipoti kuti kunali bata, anyamata ankanyamulabe mitembo ya anzawo, ambiri atalasidwa kumutu. Gulu lina la asilikali linataya anthu 18 tsiku limodzi mwa njira imeneyi.

Mmodzi mwa anthu amene anathandiza kwambiri kuthetsa tsokali sanaphunzire usilikali ali mnyamata. Anali wolemba nthano, katswiri woponya mpira wa kiriketi, komanso mlenje amene anapondaponda m'matchire a kutali. Dzina lake linali Hesketh Hesketh-Prichard, koma anzake ankangomutchula kuti Hex. Munthu akamva mbiri yake koyamba amayesa akumva za anthu anayi osiyana. Ine ndimaona kuti nthambi zonsezi zinamera pa tsinde limodzi, lomwe ndi luso lodekha n'kuyang'anitsitsa chinthu mpaka chitaulula chinsinsi chake. Ndipo pali malo amodzi pamene luso limeneli linamuthawa, pamene sitiyenera kupalumpha.

Anabadwira ku Jhansi, m'dziko la India, pa 17 Novembala 1876. Bambo ake, omwe anali mkulu wa asilikali, anamwalira ndi matenda a taifodi kutatsala milungu 6 kuti mwanayo abadwe. Mayi ake, Kate, anabwerera naye ku Ulaya ali khanda, n'kukhala zaka zingapo pachilumba cha Jersey. Ndalama zinali zochepa. Mnyamatayo analowa sukulu ya Fettes College mumzinda wa Edinburgh chifukwa cha thandizo la maphunziro limene anapambana. Atamaliza anayamba kuphunzira zamalamulo, koma sanagwirepo ntchito ya uloya. Mtima wake unali pa ulendo, pa mfuti ndi pa cholembera.

Chodabwitsa n'chakuti cholemberacho ankachigwira limodzi ndi mayi ake. Mayi ndi mwana ankalemba nthano pamodzi, poyamba pogwiritsa ntchito mayina ongopeka akuti E. Heron ndi H. Heron. M'zaka za 1898 ndi 1899 magazini ya Pearson's inasindikiza nthano zawo za Flaxman Low, wofufuza amene ntchito yake inali kutulukira zoona zake za nyumba zimene anthu ankati muli mizukwa. Ambiri amamuwerengera m'gulu la ofufuza oyambirira a mtundu umenewu m'nthano za Chingerezi. Anapekanso Don Q, chigawenga cha m'mapiri a ku Spain, amene nkhani yake ina inadzasanduka filimu ya Douglas Fairbanks mu 1925. Ndipo mu 1913 Hex anatulutsa November Joe, buku la mlenje wa m'nkhalango za ku Canada amene amagwira zigawenga powerenga mapazi, nthambi zothyoka ndi phulusa la pamoto. Mlenje wa m'bukuli ankaganiza ngati mwini wake wolembayo.

Za kiriketi zikufunika kuzifotokoza pang'ono, poti ambiri a ife tinakulira pa mpira wamiyendo ndi wamanja. Timu iliyonse imakhala ndi osewera 11. Pakati pa bwalo pamakhala kanjira kosalala kotalika mamita pafupifupi 20, ndipo kumapeto kwake konse kuwiri amazika timitengo titatu, pamwamba pake n'kusanjika tina tiwiri tating'ono. Timitengoti ndi timene amati wiketi. Womenya amaima kutsogolo kwake ndi chibonga chaphanthiphanthi, ntchito yake kuteteza wiketi ndi kumenya mpira kutali kuti apeze mapointi. Woponya amabwera akuthamanga n'kuponya kampira kolimba kokutidwa ndi chikopa, mkono uli chiwongokere osapinda chigongono, ndipo kawirikawiri amakanjanjitsa pansi kamodzi kasanafike kwa womenya. Kampirako kakagwetsa timitengo, kapena womenya akakamenyera m'mwamba wina n'kukawakha kasanagwe, womenyayo watuluka, ndipo amati woponya watenga wiketi. Anthu 10 akatuluka, matimu amasinthana. Masewero a pakati pa zigawo za England masiku amenewo ankatenga masiku atatu.

Hex anali chimunthu chachitali, mamita pafupifupi 1.93, ndipo ankaponya mwaliwiro ndi mkono wamanja. Kutalikako kunali chida. Mpira wochokera m'mwamba chonchi ukagunda pansi umadzuka msanga n'kulunjika pachifuwa kapena pazala za womenya. Koma liwiro lokha silitulutsa katswiri. Woponya wabwino amakhala ngati wotchera msampha: amaona mmene womenya akuponyera phazi, mbali imene akuikonda, mpira umene akuuopa, kenako amamunyengerera ndi mipira ingapo yofanana asanamuponyere wosiyana. Anayamba kusewerera timu ya Hampshire mu 1900, nthawi imene timuyi inali yofooka ndipo kawirikawiri inkathera kumchira. Pofika 1913 anali atasewera masewero 86 apamwamba n'kutenga mawiketi 339. Chaka chake chokoma chinali 1904, pamene anatenga mawiketi oposa 100. Pa kumenya ndiye analibe dzina. Anapita ndi timu ya Lord Brackley ku West Indies m'nyengo ya 1904 mpaka 1905, ndiponso ndi timu ya MCC, kalabu yotchuka ya kiriketi ya ku London, ku America mu 1907. Ankaseweranso m'matimu a alembi, limodzi ndi anthu ngati Arthur Conan Doyle ndi J. M. Barrie.

Masewero 86 m'zaka 14 ndi ochepa, ndipo chifukwa chake chikutiuza za England wa nthawiyo. Osewera ankagawidwa pawiri. Panali amene ankatchedwa Gentlemen, anthu a m'mabanja olemekezeka osewera osalandira malipiro, ndi amene ankatchedwa Players, anthu wamba amene kiriketi inali ntchito yawo yodyetsera ana. M'mabwalo ambiri magulu awiriwa ankavalira m'zipinda zosiyana n'kulowera pazipata zosiyana, chonsecho ali timu imodzi. Chaka chilichonse ankakumana pa masewero otchuka, ndipo mu 1904 Hex anasankhidwa kuimira a Gentlemen pabwalo la Lord's ku London. Tsankho limeneli linatha mu 1962. Hex, pokhala wosalipidwa, ankasewera akafuna. Ulendo ukamuitana ankasiya mpira n'kunyamuka.

Ulendo woyamba waukulu unali wa ku Haiti mu 1899. Anamutuma ndi Cyril Arthur Pearson, mwini magazini ija, amene ankakonzekera kuyambitsa nyuzipepala ya Daily Express ndipo ankafuna nkhani zokopa owerenga. Zimene Hex analemba zinatuluka ngati buku mu 1900, mutu wake Where Black Rules White, kutanthauza kumene wakuda amalamulira mzungu. Apa ndi pamene diso lake linachita khungu. Haiti ndi dziko limene akapolo ochokera ku Africa anagonjetsa asilikali a France n'kulengeza ufulu wawo mu 1804. Mu 1825 France inakakamiza dzikolo kuvomera kulipira mafranki 150 miliyoni ngati chipukutamisozi kwa eni akapolo akale, ngongole imene inaliyamwa magazi kwa mibadwo. Munthu wodziwa kuwerenga mapazi akanafunsa kuti umphawi umene akuuonawo wachokera kuti. Iye anaona misewu yoipa, akazembe ankhondo ochuluka ndi miyambo ya vodou, chipembedzo cha makolo cha kumeneko, n'kutsiriza bukulo ndi funso lakuti kodi munthu wakuda angathe kudzilamulira, ndipo yankho lake linali lakuti ayi. Ena amati ndi mmene azungu ambiri a nthawiyo ankaganizira. N'zoona, koma kwa ine zimenezo sizimuchotsera mlandu. Amene ankatha kukhala maola akudikira nyama kuti amvetse khalidwe lake, pa anthu anzake anafika yankho ali nalo kale m'thumba.

Mu 1900 Pearson anamutumanso, ulendo uno ku Patagonia, kummwera kwenikweni kwa South America. Mu 1895 kuphanga lina la ku Chile kunapezeka chikopa cha chinyama chachikulu chakalekale chotchedwa mylodon, ndipo chinkaoneka chachiwisi moti akatswiri ena ankaganiza kuti mwina zinyamazi zidakalipo. Hex anayenda miyezi yambiri pa akavalo ndi pa boti, anafufuza m'mbali mwa nyanja ya Argentino, mtsinje wina anautcha Caterina pokumbukira mayi ake, koma chinyamacho sanachipeze. Anabwerera n'kunena zoona kuti palibe chizindikiro chakuti chilipo, ngakhale kuti nyuzipepala ikanakondwa ndi yankho lina. Buku la ulendowu linatuluka mu 1902. Pambuyo pake anayendanso ku Labrador, kumpoto kozizira kwa Canada. Mu 1908 anakwatira Lady Elizabeth Grimston, mwana wa Earl wa ku Verulam, ndipo anabereka ana atatu. Mlenje yemweyu ndiye analimbikira kuti nyama za m'nyanja zotchedwa grey seal zitetezedwe, poona mmene anthu ankaziphera ndi zibonga panyengo yoswana, ndipo lamulo loziteteza linadutsa m'nyumba ya malamulo mu 1914.

Chaka chomwecho nkhondo inabuka, nkhondo yomwe ija agogo athu ankaitcha ya Chiwaya, imene inatenga anyamata a ku Nyasaland kukamenya ndi kukasenza mtengatenga kum'mawa kwa Africa. Hex anali ndi zaka 37. Magulu a asilikali amene anafunsirako anamukana kuti wakula. Pomaliza anapeza ntchito yoperekeza atolankhani kumalo ankhondo, ndipo anafika ku France mu Febuluwale 1915. Ntchito imeneyi inamupatsa mwayi umene msilikali wamba analibe: ankayenda m'ngalande za magulu ambiri n'kumayerekeza zimene akuona. Paja amati mlendo ndiye adza ndi kalumo kakuthwa.

Kuti timvetse zimene anaona, tiganizire mmene nkhondoyo inalili. Kuchokera kugombe la Belgium mpaka kumalire a Switzerland, mtunda wa makilomita pafupifupi 700, magulu awiri anakumba ngalande moyang'anizana, pena motalikirana mamita mazana angapo, pena pafupi moti ankamvana kulankhula. Palibe amene ankatha kupita patsogolo. Pamalo otere, munthu mmodzi wodziwa kubisala ndi kuwombera molunjika amasanduka mfumu ya dera lonse. Germany inali ndi anthu otere ambiri, alonda a nkhalango ndi alenje, komanso inali ndi mafakitale otchuka opanga magalasi, monga Zeiss. Kuyambira miyezi yoyamba ya nkhondo inasonkhanitsa mfuti zambirimbiri zokhala ndi galasi loonera patali n'kuzipereka kwa anthu ozidziwa. Akatswiri owombera mobisalawa, amene pa Chingerezi amati sniper, sankangopha. Ankathyola anthu mtima. Msilikali amene waona mnzake akugwa pambali pake ali kumwa tiyi sayerekezanso kudzutsa mutu, ndipo gulu limene silikuyang'ana kutsogolo silidziwa zimene mdani akukonza.

Choyamba chimene Hex anaona chinali khoma la matumba a mchenga kutsogolo kwa ngalande. A Britain ankalimanga mwaudongo, losalala, lowongoka ngati khonde la nyumba ya mabwana, poti akuluakulu ankakonda zooneka bwino. Pamzere wowongoka chonchi, kanthu kalikonse kosuntha kamaonekera kutali. A Germany ankachita dala kumanga losokonekera: matumba a mitundu yosiyanasiyana, akuda ndi owala, zitini zakale, mapaipi, nsanza, milu ya dothi. Pakati pa zinyalala zimenezi ankabisa zitsulo zokhala ndi kabowo kowomberapo, ndipo diso losaphunzira silikanatha kusiyanitsa kabowo koona ndi mabowo onamizira. Hex anayamba kuchonderera akuluakulu kuti alole ngalande zawo zioneke zauve.

Chachiwiri chinali zitsulo zija. Chipolopolo wamba chinkangogunda n'kugwa. Hex anatenga zitsulo zingapo zolandidwa kwa a Germany n'kupita nazo kwawo kukaziyesa ndi mfuti zake zauzimba, ndipo anapeza kuti mfuti zikuluzikulu zophera njovu zimaziboola. Wolemba mnzake John Buchan anathandiza kusonkhetsa ndalama zogulira mfuti zotere.

Chachitatu ndi chimene chinali chachikulu, ndipo n'chimene anthu osadziwa mfuti sachiganizira. Galasi loonera patali silichititsa mfuti kuwombera molunjika. Limangokuza chimene ukuyang'ana. Kuti ligwire ntchito, liyenera kukonzedwa kuti pamene mzere wa m'galasi waloza ndi pamene chipolopolo chikagwere, pa mtunda wodziwika, pa mfuti imeneyo. Likapotoka pang'ono chabe, mwina chifukwa mfuti yagunda khoma la ngalande, kupotoka kosaoneka ndi maso pafupi kumakula ndi mtunda, moti pa mamita 300 chipolopolo chimadutsa pambali pa mutu wa munthu. Ndiye pali mphepo imene imakankha chipolopolo, ndi kutsika kwake chikamapita patali. A Britain atayamba kulandira mfuti zamagalasi ankazisunga ngati katundu wa m'ngalande, gulu lochoka n'kusiyira gulu lobwera, wina aliyense n'kumapotokola tizitsulo tokonzera osadziwa ntchito yake. Hex atayesa mfutizi anapeza kuti zambiri zinali zosalunjika. Mfuti yotere ndi yoipa kuposa yopanda galasi, poti mwini wake amaikhulupirira, amawombera, amaphonya, n'kuulula pamene ali. Mfundo yake inali yakuti mfuti imodzi ikhale ya munthu mmodzi, wophunzitsidwa, woisamala yekha.

Kwa miyezi ingapo ankangoyendayenda m'magulu akuphunzitsa popanda udindo weniweni, ena akumuona ngati mlendo wolowerera za eni. Koma magulu amene anamumvera anayamba kuika maliro ochepa, ndipo akuluakulu ena ankhondo anamuikira kumbuyo. Mu 1916 anatsegula sukulu ya gulu lankhondo la First Army m'mudzi wa Linghem, m'chigawo cha Pas-de-Calais, yophunzitsa kuwombera mobisala, kuyang'ana ndi kuzonda. Sanali yekha pa ntchitoyi, panali akuluakulu ena amene anatsegula sukulu zofanana m'magulu awo, koma ya ku Linghem ndi imene inatchuka kwambiri, ndipo inaphunzitsanso asilikali a mayiko ogwirizana nawo, kuphatikizapo a Portugal.

Kusukuluko anthu ankaphunzira kugwira ntchito awiriawiri, wina ndi mfuti, wina ndi chipangizo choonera patali, n'kumasinthana diso likatopa. Wachiwiriyu ndi amene Hex ankamulemekeza kwambiri. Pa luso limeneli ankadalira a Lovat Scouts, gulu lochokera kumapiri a Scotland limene munali anthu okulira pa ntchito yolondola agwape ndi magalasi aatali. Kwa iwo kugona pamimba maola ambiri osasuntha sichinali chachilendo. Kuona maso a nkhono n'kudekha, ndipo iwo ankadekhadi: ankalemba utsi wa pamoto wophikira, dothi latsopano limene dzulo panalibe, nthawi imene alonda amasinthana, chizindikiro cha pachipewa chosonyeza kuti gulu lina lalowa m'malo mwa linzake.

Njira imene imandigwira mtima kwambiri ndi ya mitu yonamizira. Ankaumba mutu wa munthu ndi mapepala onyika, n'kuupaka utoto mwaluso moti patali sungausiyanitse ndi weniweni. Ankaukweza pang'onopang'ono pa ndodo yoyenda mumpata wokhazikika, monga achitira munthu wosuzumira mwamantha. Ina ankaiika ndudu pakamwa, msilikali ali pansi n'kumakoka utsi kudzera m'kapaipi ka labala. Mdani akauwombera, ankaugwetsa msanga ngati munthu walasidwadi, kuti asazindikire kuti wapusitsidwa. Tsono mutuwo unkakhala ndi mabowo awiri, polowera chipolopolo ndi potulukira, ndipo mabowo awiriwo ndi mzere wolunjika kumene chipolopolo chachokera. Poika perisikopu, chipangizo cha magalasi choonera pamwamba uli pansi, pamalo enieni pamene panali mutuwo, ankatha kuyang'ana motsata mzerewo n'kupeza pobisalira pa mdaniyo. Ndi nzeru yomweyo ya wotsata mapazi: nyama yapita, koma yasiya chizindikiro.

M'buku lake la Sniping in France, limene linatuluka mu 1920, anasimba nkhani ya mphaka. Woyang'ana wina anaona mphaka akuwothera dzuwa masiku angapo pa gawo lina la ngalande za a Germany limene aliyense ankaliyesa losagwiritsidwa ntchito. M'ngalande munali makoswe osaneneka, choncho mphaka anali chuma, ndipo chuma chotere chimathera m'manja mwa akuluakulu. Mphaka wonenepa, wokhazikika, wosaopa kanthu ankasonyeza kuti pansi pake pali malo abwino okhala mabwana. Zithunzi zojambulidwa pa ndege zinatsimikiza, ndipo mizinga inalunjikitsidwa pamenepo.

Nkhani imeneyi imakoma kumva, koma kumapeto kwake kuli anthu amene anafera m'dzenje. Sindingathe kulemba za Hex ngati kuti ntchito yake inali masewero a nzeru chabe. Iye mwini anawombera anthu, akuwaona nkhope m'galasi, ndipo anaphunzitsa ena ambiri kuchita chimodzimodzi. Mnzake wina anayerekeza kuti ntchito yake inapulumutsa miyoyo ya asilikali oposa 3,500 a mbali yake. Ndikukhulupirira kuti anapulumutsadi ambiri, ndipo mayi aliyense wa ku Britain amene mwana wake anabwerako wamoyo anali ndi chifukwa chomuthokozera. Koma mantha amene anawachotsa m'ngalande za a Britain anasamukira m'ngalande za tsidya linalo, kumene kunalinso ana a eni, ambiri a iwo ongokokedwa kumunda ndi kufakitale. Boma lake linamupatsa mendulo ya Military Cross mu 1916 ndi ya DSO mu 1918, ndipo anafika pa udindo wa meja.

Thupi ndi limene linayamba kukana. Chakumapeto kwa 1917 anadwala matenda a m'magazi amene sanamusiyenso, ndipo m'zaka zotsatira anachitidwa maopaleshoni ambirimbiri. Munthu amene anawoloka Patagonia pa kavalo ankalemba tsopano ali chigonere. Anamaliza buku la zankhondo lija, ndipo mu 1921 anatulutsa lina la uzimba m'madera akutchire a Britain. Anamwalira pa 14 Juni 1922 ku Gorhambury, kwawo kwa mkazi wake, pafupi ndi St Albans, ali ndi zaka 45. Mayi ake Kate, amene anamubereka patangopita milungu 6 chiikire mwamuna wawo m'manda, n'kulemba naye nthano zaka zonse zija, anakhalabe ndi moyo mpaka 1935.